Mwana akufuna kusiya pharmacy kuti akachite zisudzo, ndimulole?

Moni nonse a m'gulu. Dzina ndabisa, amene mwandizindikira musandiulule chonde.

Ndili ku Leeds, ndimasamalira okalamba, kawirikawiri usiku. Mnyamata wanga ali ndi zaka 18, akumaliza ma A-level, ndipo malo a pharmacy ku yunivesite anamulonjeza kale. Pano watembenuka, akuti akufuna akayesedwe ku LAMDA kapena ku RADA, sukulu za zisudzo za ku London.

Anamutembenuza mutu ndi Chiwetel Ejiofor, uja anatsogolera filimu ya William Kamkwamba ya 2019 n'kusewera yekha ngati bambo ake a William, Chichewa chikutuluka movutikira koma chikumveka. Mbiri yake amailakatula ngati katekisimu: anabadwira ku London mu 1977, makolo ochokera ku Nigeria, bambo dokotala, mayi wa pharmacy (apa amandiyang'ana kaye), anadutsa ku National Youth Theatre, kenako ku LAMDA, ndipo Steven Spielberg anamutenga mu filimu ya Amistad ya 1997 sukulu asanamalize. Ine ndimamuuza kuti kuchokera pamenepo kukafika pa 12 Years a Slave ya 2013, imene inamupatsa mphoto ya mafilimu ya BAFTA, panadutsa zaka 16. Ndiye ameneyo ndi amene zinamuyendera. Nanga anzake a m'kalasi ali kuti?

Bambo ake akuti ndikumulekerera. Inu amene ana anu anadutsa njira imeneyi, lendi amalipira ndi chiyani?

Nachisale: Mayi, musamukanize, koma musamulole kutaya malowo. Alembere yunivesite kuti amusungire malo chaka chimodzi, ambiri amavomera. Chaka chimenecho ayesedwe. RADA imatenga ana osakwana 30 pachaka pa kosi ya zisudzo, ndiye akapezamo mwayi mudziwa kuti si chibwana.

Che Mbewe: Tinawoloka nyanja kuti ana azikavina pasiteji? Pharmacy basi. Zisudzo azikachita ku tchalitchi pa Khirisimasi.

Naphiri wa ku Luton: A Mbewe, mwalankhula ngati malume enieni. Mdzukulu wa achemwali anga anamaliza sukulu ya zisudzo. Ali ndi ejenti, ali m'bungwe la ochita zisudzo la Equity, amalipira tsamba la pa intaneti la Spotlight kuti otolera osewera azimuona, komabe miyezi yambiri amagulitsa khofi. Ma audition ambiri pano amadzijambula yekha pafoni n'kutumiza, yankho osabwera. Sadandaula, koma mwana wanu amve zimenezi kwa munthu amene akuziona, osati pa YouTube. Ndilembereni kumbali ndiwalumikize.

Mwini funso: Zikomo anaphiri, ndakulemberani. Anachisale, za kusunga malozo amapempha zotsatira zisanatuluke kapena zitatuluka?