Ndani angandithandize kupeza mafilimu a Despo Diamantidou?

Abale ndi alongo, ndagwira njakata. Loweruka ndinkaonera Never on Sunday, filimu ya Jules Dassin ya 1960. Aliyense amatama Melina Mercouri, koma ine maso anga anakakamira pa mayi wina amene amasewera ngati mnzake, Despo Diamantidou. Akangotulukira, ngakhale atakhala kumbali, umaiwala kuti mwinifilimu ndi wina.

Ndafufuza pang'ono. Anabadwira ku Piraeus, ku Greece, mu 1916, anamwalira mu 2004. Mu 1967 anasewera nawo sewero la nyimbo la Illya Darling ku Broadway, ku New York, ndipo asilikali atalanda boma la Greece chaka chomwecho, mayiwa anakhala ku America. Mu 1975 ndi iwo aja anasewera ngati amayi ake a Woody Allen mu filimu ya Love and Death. Ameneyu ndamupeza mosavuta, Topkapi wa 1964 nayenso.

Vuto ndi mafilimu awo a Chigiriki. Amene ndawapeza pa YouTube alibe mawu omasulira pansi, ndimangoyang'ana milomo ngati mbuzi yomvera wailesi, bando n'kumatha.

Kodi alipo akudziwa komwe ndingawapeze ali ndi mawu a Chingerezi? Ndipo ndiyambire filimu iti? Inu muli kunja, ngakhale DVD yakale ndigula ndithu.