Mphuno ya VT 11.5: inali yantchito kapena yongokopa maso?

Wazidole:
Akuluakulu, ndithandizeni. Mwezi wathawu ndinagula kachidole ka sitima ya ku Germany, ka muyeso wa 1:87, kwa munthu wina amene anatopa nako. Pabokosi analemba kuti VT 11.5, Trans Europ Express. Kanafika kagalasi kamodzi kakutsogolo katathothoka, ndiye usiku wina ndili kalikiliki kukamata ndi guluu, zala zili nenene, ndinapezeka ndikuuyang'anitsitsa mutu wake. Mphuno yachita kutukumuka ngati ya ndege, pakati pake pali zilembo za TEE zonyezimira, ndipo kachipinda ka dalaivala kakhala pamwamba ngati chipewa. Kumbuyonso kuli mutu wina wofanana ndendende. Mabogi ndi afupiafupi, m'munsi ofiira, m'mawindomu oyererako.

Funso langa lili pawiri. Mphuno imeneyi inali ndi ntchito, kapena ankangofuna kuti anthu azicheuka? Nanga zinatheka bwanji kuti sitima yapamwamba chonchi, ya mu 1957, ikhale yadizilo pomwe zamagetsi zinalipo kale?

Makaniko Wakale:
Achimwene, ndiyamba ndi lachiwirilo. TEE inayamba kuyenda pa 2 June 1957, ndipo maganizo ake anabwera ndi den Hollander, mkulu wa njanji za ku Netherlands. Ankafuna sitima zothamanga, za fesi kilasi yokhayokha, zodutsa malire osataya nthawi. Chimene chinavuta ndi mawaya a magetsi. Germany inkagwiritsa ntchito mavolti 15,000, Belgium 3,000, Netherlands 1,500, kumpoto kwa France 25,000, ndipo njanji zambiri zinalibe mawayawo n'komwe. Sitima yamagetsi ikanati ikafika pamalire, ima, masula mutu, manga wina, abwana ali m'katimo akungoyang'ana wotchi. Yadizilo imayenda ndi mphamvu yakeyake, sifunsa kuti pamwambapa pali waya wanji. N'chifukwa chake pa sitima za TEE, Saphir inkalowa mpaka ku Ostend, Helvetia ku Zürich, Rhein-Main ku Amsterdam.

Mitu iwiriyo musaidabwe. Uliwonse unali ndi injini ya mahosipawa 1,100, ndipo yonse inkakoka limodzi mpaka makilomita 140 pa ola. Pa siteshoni ngati ya Frankfurt, pomwe njanji zimathera pakhoma, dalaivala ankangotsika n'kukakwera mutu winawo, ulendo wayambanso. Chinanso, injinizo sizinkapanga magetsi oyendetsera mawilo. Mphamvu inkadutsa mu giyabokosi yoyendera mafuta. Magetsi a kukhitchini ndi oziziritsira m'mabogi ankachokera ku kainjini kena kapadera.

Nachisale:
Za mphunozo ine ndinena mosapsatira: theka ntchito, theka matama.

Ntchitoyo inayamba kale. Mu May 1933 sitima yadizilo yotchedwa Fliegender Hamburger inayamba kuyenda pakati pa Berlin ndi Hamburg, makilomita 286 m'mphindi 138. Injini zake ziwiri za Maybach zinali za mahosipawa 410 iliyonse basi, koma inkafika 160 pa ola. Ndi mphamvu yochepa choncho simungalimbane ndi mphepo, muyenera kuizemba, ndiye thupi lake analiyesa kaye m'chipinda chopemerera mphepo cha anthu opanga zibaluni zouluka za Zeppelin. Kenako Franz Kruckenberg, yemwe uja anamangirira chopukusa mphepo cha ndege kumbuyo kwa sitima, anapanga yadizilo imene inafika 215 mu June 1939. Kafufuzeni chithunzi chake muchiike pambali pa chidole chanucho. Mphuno yaitali, dalaivala pamwamba, muona nokha kumene Klaus Flesche, wojambula maonekedwe a sitima ku kampani ya MAN, anatengera magazi a VT 11.5.

Koma taonani izi. VT 08 ya mu 1952, imene eni ake ankaitcha Eierkopf, kutanthauza mutu wa dzira, inali ndi nkhope yoburungira chabe ndipo nayonso inkayenda 140. Ndi imene inanyamula timu ya mpira ya West Germany pobwerera kwawo itatenga chikho cha dziko lonse ku Bern mu 1954, ndiponso inagwirizira maulendo a TEE poyambirira, VT 11.5 isanamalizidwe. Liwiro lomwelo, yopanda chimphuno. Ndiye musandiuze kuti ndi mphepo yokha. Munthu wamalonda amene akanatha kukwera ndege anafunika kuona pa siteshoni chinthu chofanana ndi ndege. Kukhala pamwamba kunkamuthandiza dalaivala kuona patali, zimenezo sindikana.

A ku East Germany nawo sanafune kutsalira. Mu 1963 ku Görlitz anatulutsa VT 18.16, mphuno yakenso yotero, yofika 160, imene inkayenda ulendo wa Vindobona kuchoka ku Berlin kudzera ku Prague mpaka ku Vienna.

Wakumapeto kwa Njanji:
Mayi Nachisale mwalasa, koma nonsenu mwatengeka ndi sitima ya mabwana. Kwa ine yokonzedwa mwanzeru m'zaka zimenezo ndi Schienenbus ya ku Uerdingen, VT 95 ndi VT 98. Kabasi kofiira kapanjanji, ma ekiselo awiri, injini ya Büssing imodzi mu VT 95, ziwiri za mahosipawa 150 iliyonse mu VT 98, osapitirira 90 pa ola. Mphuno kanalibe. Dalaivala ankakhala limodzi ndi okwera, moti mwana ankatha kuima kumbuyo kwake n'kumaonera njanji ikubwera. Zotsamira za mipando ankazikankhira kutsogolo kapena kumbuyo kuti munthu ayang'ane kumene akupita. Phokoso ndiye losanena, koma kanapulumutsa tinjanji ta m'midzi timene sitima zamalasha zinkangodyapo ndalama. VT 11.5 inachoka pa TEE kuchiyambi kwa ma 1970, mawaya atafalikira, pomwe kabasika kanayendabe mpaka chaka cha 2000.

Wazidole:
Zikomo nonse. Chithunzi cha Kruckenberg ndachiona, mayi, ndipo kufanana kwake n'kochititsa manyazi ndithu. A Makaniko, mwandichititsa kutsegula mitu yonse iwiri ya chidolechi: umodzi wokha ndiwo uli ndi mota, winawo ndi chigoba chabe. Kagalasi kaja kakhala mopendekeka pang'ono ndipo guluu wasiya kachifunga pakona. Alipo akudziwa chochotsera osawononga utoto wofiirawu?