Mwana wanga amukana malo a zauphunzitsi, kodi kukhoti kungathandize?

Membala wosadzitchula dzina: Moni nonse muno. Ndithandizeni nzeru, mutu waima. Ndine mayi wa konkuno ku Chipata, ndimagulitsa mumsika wa Kapata. Mwana wanga wamkazi analemba giredi 12 mu 2022, chaka chimene boma linalemba ntchito aphunzitsi opitirira 30,000, ndipo kuchokera pamenepo mtima wake uli pa choko basi. Anakhoza bwino zonse kupatula masamu, anapeza 7. Sanagwe ulesi, analembanso GCE n'kupeza 5, makirediti asanu n'kukwana, Chingerezi ndi masamu zili momwemo.

Tinafunsira malo pa yunivesite ina ya boma, dzina ndisunge. Ya fomu ndi ya basi ndinachita kugulitsa matumba awiri a mtedza. Mayina atatuluka, lake mulibe. Titapita kukafunsa, abambo a pawindo sanadzutse n'komwe mutu, anangoti zolemba kawiri satenga. Komatu pa chilengezo chawo mawu amenewo panalibe, ndinachijambula pafoni ndipo ndili nacho. Chondiwawa kwambiri, mnzake wa mapointi oipa kuposa ake amutenga. Mwanayo sindikumuchitira nsanje ayi, ndikungofuna kudziwa muyezo umene anagwiritsa ntchito. Kodi nkhani yotere munthu angapite nayo kukhoti? Nanga wopanda ya loya ngati ine amayambira pati?

Mphunzitsi wa ku Katete: Amayi, pepani. Musathamangire kukhoti ndi mawu a pawindo, mawa adzakana kuti sananene. Lembani kalata kwa Registrar wa yunivesiteyo, mupemphe chifukwa chokanira cholembedwa. Kope lanu alidinde chidindo. Chilengezocho musindikize papepala, foni imatayika.

Wophunzira zamalamulo: Kuwonjezera pa aphunzitsiwa, njira ilipo. Imatchedwa judicial review ndipo imapita ku High Court, osati ku local court. Koma mudziwiretu kuti woweruza sayang'ana ngati mwana ndi wanzeru, amayang'ana ngati a yunivesite anatsata malamulo awo omwe ndi kuchita chilungamo. Mukapambana, kawirikawiri amawalamula kuti aionenso fomuyo, osati kupereka malo pompo. Nthawinso ndi yochepa, isapitirire miyezi 3 chiganizo chitaperekedwa. Pitani ku Legal Aid Board, amene amathandiza opanda ya loya, ku Chipata ofesi ilipo. Mukhozanso kudandaula kwa Public Protector, wofufuza madandaulo okhudza maofesi a boma, kumeneko salipiritsa.

Bambo wa ku Lundazi: Mudzangothera nsapato mumsewu, mayi. Mlandu ukamatha anzake adzakhala atavala kale magauni. Mupezereni koleji ya pulaiveti.

Mphunzitsi wa ku Katete: Achimwene, pulaiveti si vuto, koma ayambe afufuza ngati kolejiyo ndi yovomerezeka ku Higher Education Authority. Popanda kulembetsedwa ndi Teaching Council of Zambia mwana saloledwa kuphunzitsa, pepala limangogona m'sutikesi.

Membala wosadzitchula dzina: Zikomo nonse, mwanditsegula m'maso. Mayina anatuluka masabata 5 apitawo, ndiye nthawi ikadalipo. Kalata tilemba usiku uno. Koma a zamalamulo, mwanayu ali ndi zaka 21. Asaine ndani, iye kapena ine? Ndipo akapanda kuyankha, tidikire masiku angati tisanapite ku Legal Aid?