Kodi agogo akuti "mzinda" akutanthauza chiyani?

Wofunsa, Chipata:
Abale, ndithandizeni. Kumudzi kwathu ku Katete chinamwali chinazilala kalekale, womaliza kuvinidwa ndi azakhali anga. Tsopano amayi a m'mudzi apangana zochidzutsa patchuthi cha sukulu. Nditawauza agogo ndimayesa alulutira, koma anangoti: "Muvinira pati? Mudzi uno ulibe mzinda." Ine mzinda umene ndimaudziwa ndi Chipata kapena Lusaka. Ndiye kuti anamwaliwo tiwakweze basi?

Mayi wa ku Chadiza:
Mwandiseketsa achimwene. Agogowo sakunena za tauni ayi. Kale mzinda unali ufulu umene nyakwawa inkalandira kwa mfumu yaikulu kuti m'mudzi mwake muzichitika chinamwali ndi gule wamkulu. Wolandirayo ndiye mwini mzinda. Amakhala ndi bwalo, dambwe la amuna ndiponso namkungwi wake. Mudzi wopanda mzinda, ngakhale ukule bwanji, ana ake ankakavinidwa kwa eni mzinda.

Wofunsa:
Ndiye tanthauzo la tauni linachokera kuti, amayi?

Mayi wa ku Chadiza:
Mmene ndionera ine, mudzi wa mzinda ndiwo unali wolemekezeka, kumene anthu ankasonkhana. Atabwera matauni, dzina linangosamukira komweko.

Bambo wa ku Vubwi:
Mayiwa anena zoona. Koma afunseninso agogo bwinobwino: mzindawo sunakhalepo chiyambire, kapena unalipo n'kugona mwini wake atamwalira? Ngati azakhali anu anavinidwira m'mudzi momwemo, ndiye kuti unalipo, ndipo nkhaniyo iyambire kwa amfumu, osati pa gulu la WhatsApp. Kulamba, mwambo waukulu wa Achewa, nayenso anagonapo: atsamunda anaimitsa mu 1934, Kalonga Gawa Undi n'kudzadzutsa mu 1984. Anadzutsa ndi mwini wake, si aliyense. Pitani ku Mkaika, kumene kumachitikira Kulamba, mu Ogasiti mukaone anamwali akuvina, mukafunsenso anamkungwi kumeneko.

Mtsikana wa ku Kapata:
Bola musakawatsekere m'tsimba masiku a mayeso, ndipo zija zouza mwana wa zaka 12 kuti wakula, akwatiwe, zisabwerenso.

Wofunsa:
Zimenezo amayi a m'mudzi anazikana kale, alongo. Ndawaimbira agogo. Akuti azakhali anakavinidwira kutsidya kwa mtsinje, ndipo namkungwi wa kumeneko akali moyo, kungoti makutu anagontha. Loweruka ndikugula nkhuku.