Thandizeni: chimzere chakuda pa TV tikamajambula

Moni nonse muno m'gulu. Ndili ku Luchenza kuno ku Thyolo, tikujambula kafilimu ndi anzanga. Ine anandipatsa ntchito yosamalira zonse zooneka pa masikirini mufilimumo, monga TV ya pabalaza, foni ndi laputopu.

Yandisowetsa mtendere ndi TV. Ndi yakale ija ya chimsana, tinabwereka kwa agogo. Ukamaiona ndi maso ili bwinobwino, koma mu kamera mumadutsa chimzere chakuda chokwera pang'onopang'ono.

Kamera ndi Canon 700D. Poyamba inali pa mafelemu (zithunzi) 30 pa sekondi, ndinaisintha kuika pa PAL (dongosolo la kanema la TV zakuno), mafelemu 25, shutter (nthawi imene kamera imalowetsa kuwala pa chithunzi chilichonse) 1/50 ya sekondi, poti TV zakunozi zimayendera 50Hz, kutanthauza kuti zimaphethira ka 50 pa sekondi. Chimzere chinachepa koma sichinathe. Ndinayesanso kuzimitsa TV, kumatapo pepala lobiriwira n'kudzaika chithunzi pokonza pa kompyuta. Zinaoneka zabodza, nkhope za osewera zinalibe kuwala kochokera pa TV kuja.

Akuluakulu amene munagwirapo ntchito imeneyi, mumatani kuti kamera ndi TV ziyendere limodzi? Pali kachipangizo kake? Komanso ntchitoyi ndaikonda, kodi ku Blantyre alipo amene ndingaphunzireko kwa iwo, ngakhale kumangowanyamulira zingwe? Loweruka likubwerali tikujambulanso.