Kodi maphunziro a Humanities amasokonezadi ana? Amalume akukana kuti mng'ono wanga apite ku Zomba

NaBanda_Nathenje:

Moni nonse. Ndabwera ndi nkhani ya kumudzi yomwe ikundisowetsa tulo.

Mng'ono wanga, chitsirizira m'nyumba mwathu, dzina lake latuluka pa mndandanda wa osankhidwa kupita ku yunivesite. Wapatsidwa malo ku UNIMA ku Zomba kukachita Humanities. Mtima wake uli pa philosophy (maphunziro a kaganizidwe) ndi zolembalemba, ndipo kusekondale ndiye ankatsogolera gulu la mtsutso. Fizi ndizilipira ndine kuchokera pa malipiro anga a unamwino, poti bambo adatisiya kale ndipo amayi amangodalira khasu. Koma mukudziwa kwathu kuno, mwini mbumba ndi amalume. Mawu awo sitingawalumphe.

Amalume ndi mkulu wa mpingo, munthu amene adatilera ndi mtima wonse bambo atamwalira. Akunena zinthu ziwiri. Akuti digiri imeneyi ilibe ntchito, bola mwana akachite unamwino kapena za ma akaunti, ngakhale pa koleji yolipira. Koma chomwe chawakwiyitsa kwenikweni ndi china. Akuti amenewa ndi maphunziro a ma liberal, anthu osaopa Mulungu, osalemekeza akulu ngakhale boma, ndipo mwana wamkazi akalowa m'menemo amabwerako akutsutsa chilichonse, kutchalitchi osapondakonso.

Ine za ndale sindizitsata kwambiri. Ndikufuna mundithandize: kodi maphunziro ngati amenewa, amene amawatchula kuti liberal arts, ndi ndale za liberalism ndi chinthu chimodzi? Ngati mwana aphunzira zimenezi, ndiye kuti walowa m'gulu la ndale zimenezo? Ndikufuna ndikakhale pansi ndi amalume ndili ndi mfundo zomveka, chifukwa mwanayu wakhala akulira m'chipinda ndipo ine zikundiwawa.

Phiri_MphunzitsiWopuma:

Mwana wanga NaBanda, zikomo kuti amalume ako ukuwalemekeza. Nkhawa yawo njomveka, koma zinthu ziwirizi aziphatikiza pamene siziyenera kuphatikizidwa.

Maphunziro a liberal arts ndi akale kwambiri kuposa ndale zimenezo. Mayunivesite oyambirira a ku Ulaya, omwe ambiri anali m'manja mwa mpingo, ankaphunzitsa nthambi 7: galamala, kaganizidwe kotsata mfundo, luso loyankhula pagulu, masamu, geometry, nyimbo ndi za zakuthambo. Taona, masamu ali momwemo. Ndale za liberalism zidabwera mochedwa. John Locke adalemba chakumapeto kwa zaka za m'ma 1600, anthu a ku Ulaya atatopa kuphana chifukwa cha chipembedzo, ndipo John Stuart Mill adalemba za ufulu wa munthu mu 1859. Mfundo yawo njakuti wolamula akhale ndi malire, munthu asamangidwe popanda mlandu, ndipo asakakamizidwe chokhulupirira kapena chonena.

Umboni wakuti ziwirizi nzosiyana tili nawo kwathu konkuno. Kamuzu Banda adaphunzira ku sukulu ya Wilberforce ku Ohio, ku America, nakatenga digiri ku University of Chicago mu 1931, kenako udokotala ku koleji ya Meharry mu 1937. Ankakonda mbiri yakale ndi ziyankhulo zamakedzana kotero kuti mu 1981 adatsegula Kamuzu Academy ku Mtunthama kuno ku Kasungu, kumene ana ochita bwino ochokera m'maboma onse ankaphunzira Chilatini ndi Chigiriki, aphunzitsi ake ochokera kunja. Munthu yemweyo ndiye adatseka zipani zonse mu 1966 kusiya chimodzi, nakhala pulezidenti wamuyaya mu 1971. Ife tinkaloweza ngodya zinayi: umodzi, kukhulupirika, kumvera ndi kusunga mwambo. Jack Mapanje, yemwe ankatsogolera dipatimenti ya Chingerezi ku Chancellor College, yomwe lero ndi UNIMA ya ku Zomba, adatengedwa mu Seputembala 1987 nakatsekeredwa ku ndende ya Mikuyu popanda kuzengedwa mlandu mpaka 1991. Choncho munthu angathe kuwerenga mabuku onse a anzeru akale koma osalola mnzake kutsegula pakamwa.

Pali malo amodzi pomwe ziwirizi zimakumana, ndipo sindibisa. Maphunziro amenewa akaphunzitsidwa moona amazoloweretsa mwana kufunsa kuti umboni uli kuti. Ndale za ufulu zimati wofunsayo asamangidwe. Pa 8 Malichi 1992 ndinali m'tchalitchi pamene kalata ya maepiskopi a Katolika inkawerengedwa. Wowerengayo atafika pa ndime yonena za anthu omangidwa popanda mlandu, m'tchalitchi monse mudangoti zii. Mayi wina patsogolo panga adagwira mwana wake pakamwa kuti asalire, maso ali pakhomo kuyang'ana ngati kukubwera a Payoniya. Tidatuluka osapatsana moni wautali ngati masiku onse, aliyense ulendo kunyumba. Boma lidati kalatayo njoukira, nyumba yosindikizira ya a Montfort ku Balaka idatenthedwa, ndipo ophunzira a ku Chancellor College adaguba kuikira kumbuyo maepiskopi. Pa 14 Juni 1993 tidavota pa referendamu. Amene adayamba kufunsa poyera anali atsogoleri a mpingo. Amalume ako akumbutsidwe zimenezo.

WaGeni_Limbe:

Bambo Phiri, mwayankhula bwino ndipo ndikukulemekezani, koma mwanena mbali yokoma yokha. Liberalism ili ndi nkhope ina yomwe ife ana a alimi tidaiona, ndiyo ya msika.

Kuyambira 1981 dziko lino lidalowa m'mapangano a ngongole ndi World Bank ndi IMF, ndipo mfundo yake inali yakuti boma lichotse dzanja pa malonda. Mu 1987 ogula mbewu apadera adaloledwa, misika ina ya ADMARC kumidzi idatsekedwa. Mu 1994 kwacha adaisiya kuti mtengo wake uziyendera msika. Chithandizo cha feteleza chidachotsedwa. Lamulo logulitsa makampani a boma lidabwera mu 1996. Onse ankati ndi ufulu.

Ine ndinkaperekeza bambo anga kukagulitsa chimanga kwa venda pamphambano. Sikelo yake yopachika pamtengo, thumba loti kunyumba tayeza ndowa zokwanira, iye nkuti lapereweza. Bambo ankangovula chipewa nkulandira ndalamazo, chifukwa msika wina unali kutali ndipo ngolo inali yobwereka. Ufulu woyankhula anali nawo ndithu, 1994 itadutsa, koma akanayankhula ndi ndani? Mpaka Bingu adabweretsa makuponi a feteleza mu 2005, a mabungwe akunja ena akuwiringula. Ndipo mu Novembala 2023 kwacha idagwetsedwa ndi 44 peresenti, ife a geni tidadzuka katundu atakwera usiku umodzi.

Ndiye achemwali NaBanda, za tchalitchi amalume akuopa pachabe, pamenepo ndikugwirizana ndi bambo Phiri. Koma za ntchito ali ndi mfundo. Ndimaona anyamata a madigiri akuzungulira ndi maenvelopu m'tauni muno mpaka nsapato kutha. Inu mudzalipira zaka 4. Mufunseni mng'ono wanu kuti akatuluka akufuna kudzagwira chiyani, ayankhe ndi dzina la ntchito. Akalephera, amalume awina.

Mlongo_Tiyamike:

Achemwali, ine ndidachita digiri yomweyo, philosophy ndi ziyankhulo. Ndimaimba kwaya kutchalitchi kwathu mpaka lero, ndipo panopa ndimagwira ntchito yokonza nkhani pa wayilesi. Ndikuuzeni zomwe zimachitika m'kalasimo, chifukwa anthu amaganiza kuti timakaphunzitsidwa kunyoza.

Chaka choyamba adatipatsa ndemanga ya m'nyuzipepala, nkutiuza kuti tidule mzere pansi pa chomwe wolemba akufuna tivomere, kenako tilembe manambala pa zifukwa zomwe wapereka. Ndemangayo inkamveka yamphamvu poiwerenga. Titaiphwanya, tidapeza chifukwa chimodzi chokha, zina zonse kunali kubwereza ndi kuopseza. Mlungu wotsatira adatibwezera nkhani zathu zomwe, zofiira ndi inki, m'mphepete atalemba kuti "wadziwa bwanji?" pafupifupi ndime iliyonse. Mpeni umenewo umayamba kucheka iwe mwini usanacheke wina aliyense. Amene amabwerako ali wamwano adapita ali wamwano kale.

Pa nkhani ya chipembedzo, ndikufuna amalume aganizire za a Mboni za Yehova. Adaletsedwa m'dziko muno mu 1967, makamaka chifukwa chokana kugula makadi a chipani. Adamenyedwa, nyumba zawo zidatenthedwa, ndipo mu 1972 ambirimbiri adathawira ku Zambia ndi ku Mozambique. Chiletsocho chidachotsedwa mu 1993. Ine si wa Mboni, amalumenso ayi, koma mfundo yomwe ikadawateteza anthu aja ndi yomweyi ya Locke, yakuti boma lisalowerere pakati pa munthu ndi Mulungu wake. Lero ili m'malamulo aakulu a dziko lino, gawo 33, ndipo m'chiganizo chimodzi chomwecho muli ufulu wa chipembedzo ndi ufulu wophunzitsa ndi kufufuza momasuka. Ine ndimaona kuti nkoyenera kuti zikhale pamodzi, chifukwa wotseka kalasi ndi yemwenso amatseka tchalitchi.

Ndipo nkhondoyo sidathere mu 1994. Mu Febuluwale 2011 mkulu wa apolisi adaitanitsa Blessings Chinsinga, mphunzitsi wa zandale ku Chancellor College, kumufunsa za zomwe adanena m'kalasi poyerekeza kusowa kwa mafuta ndi ndalama zakunja kuno ndi zomwe zidayambitsa zipolowe ku Tunisia ndi Egypt. Ndiye kuti wina m'kalasimo adakanena. Aphunzitsi adanyanyala, akutsogoleredwa ndi Jessie Kabwila, anayi adachotsedwa ntchito, koleji idatsekedwa miyezi yambiri, mpaka boma lidagonja chakumapeto kwa chakacho nkuwabwezera pantchito. Ophunzira adataya pafupifupi chaka, ndipo ena adadandaula kwambiri. Koma ine ndimati aphunzitsiwo adachita bwino. Kalasi yomwe mphunzitsi akuyankhula akuyang'ana kuti kazitape wakhala pati, fizi yanu achemwali ikanangopita m'madzi.

Achimwene a ku Limbe, nkhani ya bambo anu yandikhudza, ndipo kwathunso zidachitika. Koma a liberal si onse amene amati boma lisiye osauka m'manja mwa msika. William Beveridge, amene lipoti lake la mu 1942 lidatsegula njira ya chipatala chaulere cha NHS ku Britain mu 1948, anali wa chipani cha Liberal. John Maynard Keynes, amene ankati boma lizilowererapo chuma chikadwala, nayenso anali wa komweko. Amakangana okhaokha pa nkhani imeneyi mpaka lero. Chomwe chidatipweteka ife nchakuti mapangano aja adasainidwa anthu odziwa kuwerenga pepala nkufunsa mafunso ali ochepa, ndipo ochepawo ali ndi mantha.

Za ntchito sindikunamizani, si msewu wowongoka ngati unamwino. Anzanga ena ndi aphunzitsi, ena omasulira, ena ali m'mabungwe ndi m'maofesi a boma, ena adapitiriza zamalamulo, ndipo alipo amene adakhala nthawi yaitali osapeza kanthu. Amene adapeza msanga ndi omwe adaphatikizapo china chogwirika ali pasukulu pomwepo: Chifalansa, kompyuta, kulemba malipoti, kudzipereka kukagwira ntchito patchuthi. Ku Ghana, Patrick Awuah adasiya ntchito ku Microsoft nkukatsegula Ashesi University mu 2002, kumene ngakhale wophunzira zamakompyuta amayenera kuchita maphunziro a kaganizidwe ndi utsogoleri. Kwathu kuno MUST ku Thyolo, yomwe ndi ya sayansi, ili ndi sukulu ya zachikhalidwe mkati mwake. Mng'ono wanuyo achite zomwezo mozondotsa, philosophy yakeyo aiphatikize ndi luso la manja.

WaGeni_Limbe:

Achemwali Tiyamike, za Beveridge ndamva, koma amene adafika kumudzi kwathu sanali iyeyo. Pa mfundo yophatikiza luso ndagwirizana nanu. Ndingowonjeza kuti mwanayo aphunzire kusunga mabuku a ndalama, ngakhale kakosi ka miyezi ingapo patchuthi. Ine ndimalemba ntchito munthu wodziwa kulemba kalata yomveka kwa kasitomala komanso kuwerengera katundu, ndipo wokhala nazo zonse ziwiri ndi wosowa.

Phiri_MphunzitsiWopuma:

NaBanda, popita kwa amalume usatenge foni nkumawawerengera zomwe talemba pano, adzaona ngati wawaitanira bwalo. Pita ndi amayi ako, ndipo ngati nkotheka uyambe wakaonana ndi abusa a pampingo pawo. Afunse abusawo zomwe adaphunzira asanadzozedwe. Abusa ambiri a CCAP adadutsa ku Zomba Theological College, kumene amawerenga Chigiriki ndi Chiheberi ndi mbiri ya mpingo. Ansembe a Katolika amayamba ndi zaka za philosophy ku seminale ngati ya Kachebere ku Mchinji asanalowe za umulungu. Amalume akamva kuchokera pakamwa pa abusa awo kuti nawonso adakhala m'kalasi yotere, mtima udzatsika.

Mwanayonso ayankhule yekha pamaso pawo, modzichepetsa, anene mpingo umene azikapemphera ku Zomba ndi ntchito imene akuilingalira. Ndipo mafomu a ngongole ya ophunzira alembe msanga nthawi yake isanatseke, ngakhale nkhani ya kumudziyi isanathe, kuti katundu yense asakhale pa malipiro ako wekha.