Kodi dzina loti Schafkopf likutanthauzadi mutu wa nkhosa?

Kamtedza: Akuluakulu, ndithandizeni. Ku Bavaria, m'dziko la Germany, kuli masewera a makadi otchedwa Schafkopf. M'Chijeremani Schaf ndi nkhosa, Kopf ndi mutu. Koma m'malamulo ake nkhosa sitchulidwa paliponse. Nyama yomwe imamveka ndi nkhumba, poti kadi ya mapointi 11 amaitcha Sau, kutanthauza nkhumba yaikazi. Ndiye nkhosayo yachokera kuti?

Mlezi: Achimwene, akuti yachokera pa choko. Kale osewera ankalemba zigoli pa tebulo kapena pa sileti. Mbali yopambana inkajambula mzere umodzi, ikapambananso wina, ndipo mizereyo inkapanga mutu wa nkhosa pang'onopang'ono: chipumi, maso, makutu, nyanga. Otsiriza mutu ndiwo atenga masewera. Masiku ano amalipirana ndalama kapena kulemba manambala, n'chifukwa chake chithunzicho chinasowa, dzina lokha n'kutsala.

Nsangalabwi: Pali enanso amene amakana zimenezo, bambo. Iwo amati kalembedwe koyenera ndi Schaffkopf, ma f awiri. Schaff ndi mgolo kapena beseni lamatabwa, ndipo "mutu" wake ndi chivundikiro. Akuti anthu ankamenyera makadi pamwamba pa mgolo wa mowa.

Mlezi: Nkhani ya mgoloyo imakoma kumva, koma ine sindiikhulupirira. Mawu awiriwa samveka mofanana: mu Schaf, a amakokedwa, mu Schaff ndi wamfupi. Mwini chinenero sangawasokoneze. Chachiwiri, Ajeremani amene anasamukira ku Wisconsin, ku America, m'zaka za m'ma 1800 anapita nawo masewerawa, ndipo ku Milwaukee mpaka lero amawatcha Sheepshead, kutanthauza mutu wa nkhosa m'Chingerezi. Akanakhala kuti ankamva mgolo, bwenzi atatchula mgolo. Onaninso Doppelkopf, wa kumpoto kwa Germany: dzinalo ndi kufupikitsa kwa "Schafkopf wowirikiza", chifukwa amaphatikiza mipukutu iwiri ya makadi 24, kadi iliyonse n'kukhala ndi mnzake.

Kamtedza: Zamveka, akulu. Nanga nkhumba ija ntchito yake n'chiyani?

Nsangalabwi: Pamenepo ndiye pali mtima wa masewera. Anthu anayi, aliyense makadi 8. Mitundu ndi inayi: Eichel (njere ya mtengo wa oak), Gras (masamba), Herz (mtima) ndi Schellen (mabelu). Sau ndi 11, teni ndi 10, mfumu 4, Ober (wolowa m'malo mwa Q) 3, Unter (wolowa m'malo mwa J) 2, ndipo 9, 8 ndi 7 alibe kanthu. Zonse pamodzi 120, mbali ya woyambitsa ifike 61 kuti ipambane. Makadi odula ena onse alipo 14: ma Ober anayi, ma Unter anayi, kenako ma Herz 6 otsala. Wamkulu koposa ndi Ober wa Eichel, amene amamutcha der Alte, nkhalamba.

Mu Sauspiel, kaseweredwe ka awiri kulimbana ndi awiri, woyambitsa amaitana Sau ya Eichel, Gras kapena Schellen. Ayenera kukhala ndi kadi ya mtundu umenewo m'manja, koma osati Sau yeniyeniyo. Amene ali nayo ndiye mnzake, ndipo sadziulula. Ongoyamba kumene amalakwa apa: mtundu woitanidwawo ukaponyedwa koyamba, mwini Sau ayenera kuitulutsa, ngakhale akuona kuti idyedwa. N'chifukwa chake adani amathamangira kuponya mtundu umenewo, kuti wina amene alibe adule n'kutenga 11 yonse, pomwe mbali ya woitana imayamba ndi makadi odula kuti iwatsitse m'manja mwa adani Sau isanatuluke. Kuizembetsa kumaloledwa pokhapokha mwini wake ali ndi makadi anayi a mtunduwo ndipo ndiye akuyamba kuponya.